Tsamba la Makumi Anayi ndi Chimodzi

Buku langa loyamba linalibe chikuto.
Amayi analitola pa msika wa Matero
kuti azikulungira zitumbuwa,
ine ndinaliba masamba asanathe,
n'kulibisa kunsi kwa mphasa.
Linkanunkha mafuta ndi utsi wa mbaula.
Munali mnyamata wokwera sitima osalipira,
ndipo pa tsamba la makumi anayi ndi chimodzi
kondakitala anam'gwira pakolala.
Basi. Nkhani inathera pompo.
Masamba otsalawo anali atapita kale
m'manja mwa anthu anjala.

Zaka makumi asanu ndi limodzi zadutsa,
mnyamata uja akadali m'manja mwa kondakitala.

Ndinam'funafuna ku laibulale ya m'tauni,
wapansi, ngwee za basi nditamanga pakansalu.
Mayi Sikazwe, mwini chidindo,
ankayamba ayang'ana zikhadabo zanga,
kenako n'kundipatsa buku
ngati akundibwereka khanda.
Mnyamata sindinam'peze.
Ndinapeza ena: asodzi a m'nyanja zamchere,
akazi olira m'nyumba zachisanu,
mfumu ina yopusa ngati amalume anga.
Ndinkabwerera nawo kunyumba m'thumba la pulasitiki
kuopa mvula ya Janyuwale.

Nditakula ndinakhala telala ku Kamwala.
Phazi pa makina, diso pa nsalu,
mtima uli pa buku lobisika m'dilowa.
Thalauza lina ndinalifupikitsa mwendo umodzi,
mwiniwake sanandikhululukire mpaka lero.
Tizidutswa ta chitenje ndito tinkandisungira malo.
Kupinda ngodya ya tsamba ndimadana nako,
koma kunyambita chala ndisanatembenuze,
chimenecho ndidzafa nacho.

Esinati ankati ndinakwatira mitala.
"Zimitsani kandulo, bambo,
akazi anu apepalawo sathawa."
Koma pamene anagona ku UTH miyezi itatu,
ndiye ankanditumiza buku pamodzi ndi phala.
Ndinkamuwerengera motsitsa mawu,
odwala a mabedi oyandikana atatchera khutu.
"Dumphani za mitengo ndi mitambozo,
ndiuzeni ngati anakwatirana."
Tinafika pakati.
Khadi lake lachipatala lili pomwe tinalekezera,
ndipo bukulo sinditsegula.
Mathero ake ndikuwadziwa,
koma si anga ndekha.

Tsopano zilembo zayamba kundithawa
ngati nyerere pa simenti yotentha.
Magalasi anga, mwendo umodzi ndi ulusi wakuda.
Magetsi akathima kuno ku Chilenje
mdzukulu wanga Tilabilenji amayatsa foni,
n'kukhala phee pambali panga, mkono m'mwamba,
mpaka utatopa.
Iye amawerenga ndi chala chachikulu, kukwezera m'mwamba,
ine ndi cholozera, kupita kumanja.
Sitikangana.
Tonse timaiwala tiyi mpaka azizire.

Loweruka ndimakwerabe minibasi kupita ku Cairo Road
komwe a Zyambo amayala mabuku pansi pa khonde
pafupi ndi wogulitsa masokosi.
Ndimagwada movutikira, mawondo akulira,
kusankha okhawo othothoka chikuto.
A Zyambo sandifunsanso.
Amangoti, "Sanabwere, mdala, yesani sabata yamawa."

Dzulo Tilabilenji anandifunsa,
"Nanga mnyamata uja anam'tani?"
Ndinati anam'tsitsa pa Kafue, usiku, mvula ikugwa.
Chaka chatha ndinamuuza kuti anam'khululukira.
Kale ndinkauza Esinati kuti anadumpha pawindo,
iye n'kuseka, ati, "Bodza, mwana wake uja ndi wamantha."

Mwanayo anandiyang'ana nthawi yaitali.
Kenako anang'amba pepala pakati pa kope lake la masamu,
nalemba pamwamba nambala: 42.
Anandipempha pensulo.
Ine ndinam'gwirira foni, mkono m'mwamba.